Timabuku Timene a Wilf Sanatenthe

Kwathu kuno ku Hull, makamaka cha ku Hessle Road, mwamuna wosapita kunyanja ankayenera kukhala ndi chifukwa chomveka: mwendo wolumala, chifuwa chosatha, kapena mayi wovuta. A Wilf Drewery analibe chilichonse mwa zimenezi. Iwo kunyanja anapita ndithu, ali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri, pa sitima yopha nsomba, ndipo anasanza kuyambira potuluka padoko mpaka pobwerera, masabata atatu athunthu. Potsika, mkulu wa sitimayo anawagwira dzanja n'kunena kuti, "Mwana iwe, ife kunyanja timapita kukagwira nsomba, osati kukazidyetsa. Usadzabwerenso." Nkhaniyi inafika mumsewu mwawo eni ake asanafike n'komwe, ndipo mpaka imvi mbuu anzawo ankawafunsabe ngati pansi pasiya kugwedera.

Ndi mmene anapezekera pa ntchito yosamalira sukulu ya pulayimale ya kuseri kwa tchalitchi. Ankasesa, ankakonza mawindo amene mpira waswa, ankathira mchenga poterera nthawi yachisanu, ndipo koposa zonse ankasonkheza ng'anjo ya malasha ya m'chipinda chapansi, imene inkafunditsa makalasi onse. Chinali chaka cha 1954, nthawi imene akuluakulu onse anali atagwirizana chimodzi, kuti ana akuonongeka ndi timabuku ta makatuni tochokera ku America.

Timabukuto tinkabwera ndi amalinyero, n'kumagulitsidwa pamsika pamodzi ndi zisa ndi malezala. Mkati mwake munali zoimitsa tsitsi zokhazokha: mitembo yotuluka m'manda, zigaza zoseka, mkazi wobwera kudzagogoda pakhomo pa mwamuna amene anamukwirira kumunda. Abusa ankatilalikira, nyuzipepala zinkatilalatira, aphungu anakangana mpaka lamulo linatuluka. Anthu omwewa anali atangoona mzinda wawo ukuphwasulidwa ndi mabomba, ana akusewera m'mabwinja, koma chimene chinawaopsa kwambiri ndi mzukwa wojambula papepala. Ahedi a pasukulupo ankasecha zikwama, ndipo Lachisanu lililonse ankatsika masitepe atanyamula mulu wa zimene alanda, mphuno ili m'mwamba.

"Drewery, m'ng'anjo."

"Chabwino, bwana."

Sabata yoyamba anatenthadi. Sabata yachiwiri kabuku kena kanagwa pansi n'kutseguka, a Wilf n'kuwerama kuti akatole, ndipo sanaweramuke mpaka belu lowerukira.

Apa ndiulule chimene iwo anabisa zaka zambiri: a Wilf sankatha kuwerenga. Sukulu yawo inadyedwa ndi nkhondo, lero kuno mawa kumidzi kothawira mabomba, ndipo anatuluka akudziwa kulemba dzina lawo basi. Nyuzipepala ankaitsegula m'basi ngati anzawo, maso ali pa zithunzi. Koma m'timabukumu zilembo zinali zikuluzikulu, mawu ochepa, ndipo chithunzi chinkakuuza kale theka la nkhani. Munthu akathawa m'manda pakamwa pali yasa, sipafunika mphunzitsi kuti udziwe zimene akunena. Pang'ono ndi pang'ono zilembo zinayamba kugwirana manja. M'ng'anjo munayamba kulowa nyuzipepala zakale, timabuku n'kumapita kunyumba m'chikwama cha nkhomaliro.

Amene anawagwira ndi Noreen, mtsikana wa kukhitchini ya sukulu, atatsika kudzatunga madzi otentha. Anawapeza atakhala pa ndowa yozondotsa, chala chili pa tsamba, milomo ikuyenda.

"Kodi zimene anakutuma kutentha si zimenezi?"

"Ndikuona kaye ngati zili zoyeneradi kutentha."

"Wakhala ukuona kaye kuyambira Khirisimasi. Ukuyesa chikwama chakocho sindichiona? Chimabwera chopepuka, n'kubwerera chitakhuta. Ndani amapita kuntchito kukanenepetsa chikwama?"

Noreen anasuzumira pamene panali chala paja, nati, "Apo wakakamirapo akuti manda. Pitiriza, ndimve ngati atulukemo." Sanaseke, sanafunse chifukwa chake mnyamata wandevu akuwerenga ndi chala. Pa zonse zimene Noreen anawachitira m'zaka makumi asanu ndi mphambu zisanu ndi ziwiri za ukwati wawo, a Wilf ankayamika kwambiri chimenechi. Lamulo lake mayiyu linali limodzi: mizukwa igone m'kachipinda kosungira katundu ka kudenga, kuchipinda chogona isalowe.

Za mizukwa zitatha fasho kunabwera za ngwazi zouluka, zamphamvu zonyamula sitima ndi dzanja limodzi, koma zosadziwa kuti kabudula wamkati amavala mkati. Izi boma silinaletse, komabe mwana wogwidwa akuwerenga kunsi kwa desiki nthawi ya masamu ankalandidwa chimodzimodzi, ndipo mulu wa Lachisanu sunaphwe mpaka cha m'ma 1970. Ahedi anadutsapo atatu, onse akukhulupirira kuti Drewery amatentha. A Wilf ankadziuza kuti tsiku lina adzabwezera eni ake, koma kubweza kunali kudziulula, ndipo eni akewo akangokwana zaka khumi ndi zisanu ankalowera kunyanja kapena kufakitale ya nsomba. Kudenga kunadzaza mabokosi makumi awiri ndi atatu.

Ana a ku Hessle Road anali ndi mwambo wawo. Kabuku kamodzi kankayenda msewu wonse, ndipo aliyense akamaliza kuwerenga ankalemba dzina lake mkati mwa chikuto chakumapeto, pansi pa dzina la mnzake, kuti kakasowa adziwe woyamba kumugwira pakhosi. Motero dzina lomaliza pa mndandanda linali la mwana watsoka amene anagwidwa nako. A Wilf mayinawa ankawaona tsiku ndi tsiku, monga munthu amaonera ming'alu ya pakhoma la kwawo, osaganizapo kanthu.

M'chaka cha 2017, a Noreen atatha zaka zitatu m'manda, a Wilf anagwa pa masitepe n'kugona pomwepo mpaka wamakalata anamva kubuula. Mwana wawo Gillian anabwera kuchokera ku Leeds nkhope ili gwa. Anawapezera kanyumba kapansi m'nyumba za okalamba, kopanda sitepe ngakhale imodzi, ndipo nyumba yakaleyi inayenera kubwezedwa kwa mwini wake kutha kwa Epulo. Zonse anagwirizana bwinobwino mpaka Gillian atakwera kudenga.

"Adadi, kanyumbako kali ndi chipinda chimodzi. Mukalowetsamo mabokosiwa, inu mukagona panja."

"Ndiye usunge iweyo."

"Kuti? Pamutu? Kwanga ngakhale njinga imagona m'bafa. Pa 28 kubwera galimoto ya zinyalala. Chimene sichinapeze kolowera pofika tsikulo chikwera."

"Ukudziwa zimene amachita nazo zinyalala masiku ano? Amatentha."

"Adadi, ndi mapepala."

"Ndakana kutentha ahedi atatu atandilamula. Ndiye ndidzavomere lero chifukwa cha njinga yako?"

Gillian si mwana woipa, ndipo ndikanakhala ine ndikananena zomwezo. Anangowapsompsona pachipumi n'kunena kuti tsiku silisintha. A Wilf anatsala ndi mantha enieni, oti mabokosi aja akathera pamoto iwo akuona.

Anaitana Clive Sizer, amene ali ndi benchi ya timabuku takale mumsika wofolera wa mumzinda muno. Clive ndi munthu wa mtima wabwino, koma ndi wa gulu lija losunga timabuku, anthu amene amakaika kabuku m'pulasitiki, pulasitikiyo m'bokosi, bokosilo m'chipinda chamdima, n'kumasangalala kuti palibe amene adzakawerenge. Anatsitsa bokosi loyamba, natulutsamo kabuku kamodzi. Atatsegula chikuto chakumapeto anabuula ngati wapondedwa chala.

"Eee, madala, mwandipweteka! Aka n'kosowa, ndakasaka zaka makumi awiri. Nanga ndani anakalemba chonchi?"

"Eni ake."

"Eni ake anali ndi manja onyansa bwanji! Onani, apa mafuta a tchipisi, apa dzina, apa dzina, apa wina wajambulira mzukwa ndevu. Anzanga aja akaona izi satenga ngakhale mwaulere. Kabuku kabwino, madala, ndi kamene sikanawerengedwepo."

"Ndiye kamakhala kantchito yanji?"

"Musandifunse za nzeru, ine ndikukuuzani mmene zilili."

Komabe Clive sanawasiye manja ali m'khosi. Anati kulaibulale ya kuyunivesite kuli mayi wina, Rhiannon Pugh, wofufuza mbiri ya timabuku totere, amene nthawi zina amalandira zimene anthu apereka. Anamuimbira pomwepo, ndipo mayiyo anati abwera pakatha masabata atatu.

"Koma asadzapeze zili chonchi," anatero Clive. "Anthu ophunzira ndi osankha kuposa ife. Mwayi wake ambiri analemba ndi pensulo, ndipo pensulo imachoka. Ndikubweretserani labala woyera. Muzifufuta mopepuka, kulowera mbali imodzi, dzanja lina litagwira tsamba. Tolemba ndi inki tibiseni, tisatichititse manyazi."

A Wilf sanatengepo ntchito mwaulesi moyo wawo wonse. M'mawa uliwonse akamwa tiyi ankakhala pa tebulo la kukhitchini pafupi ndi windo, magalasi pamphuno, n'kuyamba. Asanafufute dzina ankaliwerenga kaye, poti kuwerenga anakupeza movutikira ndipo sankadutsa chilembo osachipatsa moni. Nkhope zinkabwera zokha: uyu ankabwera kusukulu wopanda masokosi, uyu anathyola mpope, uyu ankagawira anzake buledi. Mumtima munkawawa, koma iwo ankati ndi ukalamba chabe, n'kupemerera zinyenyeswa za labala, n'kutenga kena. Tolemba ndi inki, ndi tina timene nthawi inawathera asanatifikire, anatikankhira m'kakhonde kopita kubafa n'kufunditsa bulangete. Pofika tsiku lobwera mayi uja anali atayeretsa timabuku 412, ndipo anatiyala pa tebulo monyadira.

Rhiannon Pugh anafika pa njinga, atanyowa ndi mvula, mayi wamng'ono thupi wa zaka ngati za mdzukulu wawo. Anasamba m'manja, nakhala pansi, nayamba kutsegula kamodzikamodzi. Clive anaima pambali ngati mkwati. Atatsegula timabuku khumi ndi tiwiri mayiyo anavula magalasi.

"Bambo Drewery, mwasunga bwino kwambiri, ndipo ndinene chilungamo chifukwa mwandilandira bwino. Tambiri mwa iti tili nato kale. Anatipatsa munthu wina zaka zapitazo, tatsopano kuposa iti. Malo kwathu ndi ochepa, ndipo akuluakulu anga sangalole kuti ndisunge chinthu chimodzi kawiri. Mwina ndingatengepo khumi."

"Khumi," anatero a Wilf.

Anadzuka kukatereka ketulo kuti alendo asaone nkhope yawo. Kunali kutatsala masiku asanu ndi anayi. Mayiyo anapempha kubafa, iwo n'kumulozera ndi dzanja osacheuka.

Ketulo inawira, tiyi anathiridwa, tiyi anayamba kuzizira, mayi osabwerera.

"Kodi agweramo?" ananong'ona Clive.

A Wilf atasuzumira anamupeza atagwada m'kakhonde, bulangete lili pambali, timabuku tili mbwee pansi. Munthu wofufuza ukamubisira chinthu pansi pa bulangete ndiye kuti wamuitana. Anadzuka atagwira kabuku kamodzi, kothimbirira, kachikuto chosokedwa ndi ulusi wakuda.

"Awa ndi ndani?"

"Pepani mayi, amenewo ndi a inki, anakanika kuchoka."

"Ayi, ndikufunsa kuti ndi ndani."

A Wilf anakonza magalasi. "Woyambayu ndi Terry Blanchard, bambo ake anali amalinyero, ndiye timabuku tambiri tinkayambira kwa iye. Uyu ndi msuweni wake. Sheila Marr, ameneyu ankamenya anyamata. Awiri awa ndi mapasa a panyumba nambala 40. Womalizayu ndi Keith Dunn, ndiye anagwidwa nako, analira mpaka mamina."

"Sheila. Mtsikana."

"Atsikana ndiwo ankakonda za mizukwa kuposa anyamata. Funsani aliyense."

"Ndifunse ndani, bambo?" Mawu a mayiyo anakwera. "Ndatha zaka khumi ndikuwerenga zimene abusa ananena za ana amenewa, zimene aphunzitsi ananena, zimene aphungu ananena. Onse amati anali anyamata opulupudza, mbava za mawa. Anawo sindinawamvepo ngakhale kamodzi, palibe anawafunsa. Ndiye apa alemba okha, ndi manja awo, wina pambuyo pa mnzake, ndipo pali munthu wamoyo wowadziwa onse! Timabuku tili ponseponse, koma ichi kulibe kwina. Muli nato tingati totere?"

Clive anayamba kuyang'ana nsapato zake.

"Tonse tinali totere," anatero a Wilf.

Mayiyo anabwerera kukhitchini, nayang'ana pa tebulo, pa timabuku toyera tija, kenako pa mbale imene munali zidutswa za labala. Anakhala pa mpando pang'onopang'ono.

"Tingati?"

"Mazana anayi ndi khumi ndi tiwiri."

Sanakalipe, ndipo a Wilf akanakonda akanakalipa. Manyazi amene anawagwira sanawamvepo chiyambire, ngakhale tsiku lotsika sitima lija. Iwo anapulumutsa ana aja kwa ahedi atatu, n'kudzawafufuta okha ndi dzanja lawo, mosamala, kulowera mbali imodzi. Ambiri mwa anawo nyanja inawatenga kale, opanda manda, ndipo mwina penapo ndi pokhapo pamene panatsala dzanja lawo.

"Mlandu ndi wanga, mayi," anatero Clive. "Labala ndinagula ndine. Madalawa anangomvera chitsiru." Anakanda m'mutu, kenako maso ake anawala. "Tadikirani. Madala, tsekani makatani."

"Masana ano?"

"Tsekani, ndikuonetseni mmene timagwirira akamberembere."

Pakati pa osunga timabuku pali ena amene amayeretsa kabuku kakale n'kumanama kuti sikanakhudzidwepo, ndipo anzawo anapeza njira yowagwirira. Clive anatenga kabuku kamodzi koyeretsedwa, natsegula chikuto chakumapeto, nayatsa tochi ya foni yake n'kuigoneka pa tebulo kuti kuwala kuyende chokwawa pa pepala. Pepala loyera lija linatuluka timithunzi. Mapensulo a sukulu anali olimba, ndipo mwana akamalemba dzina lake amakanikiza ngati akulima. Labala anachotsa kuda kokha, koma mizere inatsala yokumbika. Mayina asanu ndi awiri anaima pa mndandanda, mbuu ngati chisanu cha pawindo.

"Brian Stathers," anawerenga a Wilf. "Uyu ndiye anathyola mpope."

Anayesa kachiwiri, kachitatu, kachisanu. Pena mayina ankaoneka onse, pena theka. Mayi Pugh anapukuta m'maso ndi mkono wa juzi, kenako anayamba kulankhula mwa ntchito.

"Nditenga mabokosi onse, ngakhale akuluakulu anga atandikoka makutu. Koma pali chimodzi. Mabokosiwa popanda inu ndi theka chabe. Muzibwera Lachiwiri lililonse, tizitsegula kamodzikamodzi, inu muzindiuza kuti uyu anali yani, ine ndizilemba. Mukwanitsa?"

"Kumeneko amapereka tiyi?"

"Woipa kwambiri."

"Ndizibwera ndi wanga."

Galimoto ya kuyunivesite inabwera pa 26, kutatsala masiku awiri. Gillian anathandiza kunyamula, ndipo bokosi lomaliza litakwera anafunsa dalaivala kawiri konse ngati denga la galimotoyo silidontha. A Wilf anaima pakhomo atagwira ndodo yawo, akuthokoza aliyense, dalaivala, mayi Pugh, ngakhale Clive, amene anamuuza kuti, "Iwe ndiwe chitsiru, koma chitsiru chokhala ndi tochi."

Kuyambira pamenepo Lachiwiri linakhala tsiku lawo. Ankavala tayi, n'kukwera mabasi awiri, fulasiki ili m'thumba la jekete. Anawapatsa kachipinda kopanda windo ndi tochi yabwino. Munthu amene anakhala zaka makumi anayi ndi zisanu ndi ziwiri akusesa makalasi a anthu ena, tsopano ankalankhula, wophunzira n'kumalemba. Clive ankatseka benchi yake masana n'kubwera kudzathandiza, ati kulipira machimo. Mwa timabuku tofufutidwa tija, tambiri mayina anabwerera. Timabuku makumi atatu ndi kamodzi tinakana, poti pali ana ena amanyazi amene amalemba ngati akupepesa. Pa kalikonse ka iti a Wilf anaumirira kulemba kakhadi ndi dzanja lawo: "Pano panali mayina a ana. Ndinafufuta ndine, W. Drewery." Mayi Pugh anati sizofunika, iwo anati n'zofunika.

Nkhaniyi inamveka pa wailesi ya mumzinda muno, ndipo anthu anayamba kuimba foni. Lachiwiri lina m'mwezi wa Okutobala, a Wilf atangotsegula fulasiki, mayi Pugh analowa ndi mlendo, mayi wa zaka za m'ma 40, atavala yunifolomu ya m'sitolo, chikwama atachikumbatira pamimba.

"Awa ndi a Lorraine. Akufunsa za bambo awo, Dennis Ombler."

"Dennis wa tsitsi lofiira? Wa ku Gillett Street?"

"Kaya, bambo," anatero mlendoyo. "Chithunzi chimene tili nacho si chamitundu. Sitima yawo inasowa ndili ndi miyezi isanu ndi itatu. Amayi sanasunge kalata, akuti bambowo sankalemba makalata. Ndangoti mwina."

Mayi Pugh anayang'ana m'kaundula. Dzinalo linalimo kamodzi kokha, ndipo atatchula nambala ya bokosi a Wilf anadziwa pomwepo kuti linali la tofufutidwa. Kabukuko kanabwera, ka chikuto cha dzanja lotuluka m'dothi. Lorraine anatsegula kumapeto n'kupeza pepala loyera. Anayang'ana uyu, nayang'ana uyu.

"Mayi, musanaone ndikuuzeni," anatero a Wilf. "Dzina la bambo anu linali apa, looneka bwinobwino, zaka pafupifupi makumi asanu ndi limodzi. Ndinalifufuta ndine, chaka chomwe chino, ndi labala. Ndinkayesa ndikukonza. Ndilibe chonena china."

Mayi Pugh anazimitsa getsi. A Wilf anagoneka tochi m'mphepete mwa tsamba, ndipo mayina anatuluka, asanu ndi limodzi. Dzina lachinayi linali lalikulu kuposa onse, lopendekeka, lokumbika mpaka pepala linatsala pang'ono kubooka: DENNIS OMBLER.

Lorraine anagwira pakamwa.

"Ankakanikizatu," anatero.

"Ankathyola mapensulo awiri pa sabata. Ndinkamusongolera ndine ndi mpeni."

"Nanga timitanda iti pambali pa dzinali n'tachiyani? Ena ali ndi kamodzi, iwo ali ndi titatu."

A Wilf anatsokomola. "Imeneyo inali njira yawo youzira wotsatira kuti kabukuko n'koopsa bwanji. Kamtanda kamodzi ndiye kuti palibe kanthu, ungawerenge ukudya. Tiwiri ndiye kuti usawerenge uli wekha. Titatu..." Anazengereza.

"Nenani, bambo."

"Titatu ndiye kuti ndinathawira pa bedi la amayi."

Lorraine anaphulika kuseka, kuseka kwenikweni kogwira m'mimba, misozi ikutsika nthawi yomweyo. "Bambo anga! Moyo wanga wonse ndamva chimodzi chokha, kuti Dennis sankaopa kanthu. Amayi, agogo, amalume, onse: Dennis sankaopa nyanja, sankaopa munthu. Pachithunzi paja apinda manja padoko ngati chipilala. Ine ndimaopa ngakhale kangaude, ndiye ndinkati sindinatengere kalikonse kwa iwo. Kani anathawira kwa agogo chifukwa cha dzanja lojambula!"

"Anali ndi zaka khumi ndi chimodzi, mayi."

"Ndikudziwa. Ndiye ndikusekera chimenecho." Anapukuta m'maso. "Ndipo inu musandipepesenso. Anakuuzani kuti mutenthe. Mukanamvera, ine lero ndikanaona chiyani?"

Chimene a Wilf anamva ndi kuthokoza kokhakokha, kwa mayi ameneyu, kwa pensulo yolimba ya sukulu, kwa mwana wa tsitsi lofiira amene sankadziwa kulemba mopepuka.

"Ndingakhudze?" anafunsa Lorraine.

Lamulo la m'chipindamo linali loti masamba ofufutidwa sakhudzidwa ndi chala, chifukwa mizere ija ikaphwatalala basi kwatha. Analikhazikitsa ndi mayi Pugh, ndipo ngakhale Clive anakalipiridwapo. Mayi Pugh anayang'ana wotchi yake, nati waiwala kuti pali foni yofunika kuimba, natuluka n'kutseka chitseko.

Lorraine anaika nsonga ya chala pa chilembo choyamba n'kuyamba kutsata pang'onopang'ono, mmene dzanja la bambo ake linayendera. Tochi inayamba kugwedera m'dzanja la a Wilf, dzina n'kumazima ndi kuyaka. A Wilf anatsamiritsa zigongono pa tebulo, naigwira ndi manja awiri, mpaka mayiyo anafika pa chilembo chomaliza.